AKANYIMBI NDI ABALE AWO: Adani Achilengedwe a Mbewa m'Minda ya ku Bulawayo

1. MAU OYAMBA

Alimi a mumzinda wa Bulawayo ndi madera ozungulira, monga Umguza, Esigodini, Figtree ndi Matobo, amalima m'dziko la mvula yochepa. Pa chaka mzindawu umalandira mvula yokwana pafupifupi mamilimita 590, ndipo yambiri imagwa kuyambira mwezi wa Novembala kufikira Malichi. Kotero chimanga, mapira, mchewere ndi mtedza zimene zapulumuka ku ng'amba ndi chuma chosayenera kutayika. Komabe chaka ndi chaka mbewa zimafukula mbewu zongobzala kumene, zimadya ngala za mapira ndi chimanga chokhwima m'munda, ndipo makoswe amatsiriza zotsala m'nkhokwe.

Pali tinyama tina todya nyama timene timasaka mbewa usiku, mlimi ali m'tulo. Alimi ambiri amatipha akangotiona, poganiza kuti ntchito yake ndi kugwira nkhuku basi. Kabuku aka kakufotokoza za moyo wa tinyamati, ubale wake ndi kanyama ka maiko ozizira kotchedwa ermine, ndiponso njira zotetezera nkhuku ndi zokolola popanda kuwononga adani achilengedwe a mbewa.

2. BANJA LA AKANYIMBI

Akatswiri a za nyama amaika akanyimbi m'banja lotchedwa Mustelidae. Nyama zambiri za m'banjali zili ndi thupi lalitali, miyendo yaifupi, mano akuthwa ndi timatumba ta madzi onunkha pansi pa mchira. M'chigawo cha kumwera kwa Africa muli chiuli, chimene alimi a njuchi amachidziwa bwino, akatumbu a m'mitsinje, ndi mitundu iwiri ya akanyimbi. Popeza mitundu iwiriyi ndi yofanana maonekedwe, anthu ambiri amaitchula ndi dzina limodzi. M'kabuku kano ikusiyanitsidwa motere: kanyimbi wamkulu, amene dzina lake la sayansi ndi Ictonyx striatus, ndi kanyimbi wamng'ono, Poecilogale albinucha. Kanyimbi wamkulu ndi amene m'Chindebele amatchedwa iqaqa ndipo m'Chishona chidembo.

Likongwe, amene amayenda masana ndipo ali ndi nsonga yakuda ya mchira, amafanana ndi nyamazi pa kapangidwe ka thupi, koma ndi wa banja lina pamodzi ndi msulu.

3. ERMINE, MBALE WA KUMAIKO OZIZIRA

Mwa nyama zonse za m'banjali, imodzi mwa zimene zafufuzidwa kwambiri ndi ermine, amene amatchedwanso stoat. Katswiri wa ku Sweden, Carl Linnaeus, anampatsa dzina loti Mustela erminea m'chaka cha 1758. Kwawo kwa kanyamaka ndi ku Ulaya, kumpoto kwa Asia ndi kumpoto kwa America. Mu Africa sapezekamo.

Ermine wamphongo wamkulu salemera kupitirira theka la kilogalamu, ndipo wamkazi amachepa koposa apo. Nyengo yotentha ubweya wake umakhala wofiirira kumsana ndi woyera kumimba. Masiku akayamba kufupika, m'madera amene chipale chofewa chimakuta nthaka, iye amayoyola ubweyawo namera wina woyera mbee, kupatula nsonga ya mchira imene imakhala yakuda chaka chonse. Kuyeraku kumamubisa kwa mbalame zolusa ndiponso kwa nyama zimene akusaka. Ndi chikopa choyerachi chimene mafumu ndi oweruza milandu a ku Ulaya ankakongoletsera mikanjo yawo.

Kaberekedwe kake ndi kodabwitsa. Ermine amakwerana nyengo yotentha, koma mluza umaima osakula kwa miyezi 9 kapena 10. Ukayambanso kukula, pamapita pafupifupi masabata anayi kuti ana abadwe, ndipo amabadwa dzinja la chisanu litangotha, pamene mbewa zayamba kuchuluka. Ana aakazi amatha kukweredwa akali m'chisa, asanaphenye n'komwe, kotero amachoka kwa mai wawo ali kale ndi miluza. Chaka cha chakudya chambiri, ermine mmodzi amabereka ana oposa 10.

Thupi lalitali ndi lopyapyala limamuthandiza kulowa m'mauna a mbewa, koma limatayanso kutentha msanga. Chifukwa cha ichi ayenera kudya pafupipafupi. Akapeza nyama zambiri nthawi imodzi amapha zoposa zimene angadye, nasunga zotsalazo. Khalidwe lomweli lili ndi kanyimbi wamng'ono wa kuno.

4. PHUNZIRO LA KU NEW ZEALAND

M'zaka za m'ma 1870, akalulu amene Azungu anapita nawo ku New Zealand anachuluka ndi kutha msipu wa nkhosa. Alimi anapempha kuti kubwere nyama zodya akalulu, ndipo kuyambira chaka cha 1884 ermine ndi abale ake anatengedwa ku Britain ndi kumasulidwa m'dzikolo, ngakhale akatswiri a mbalame monga Walter Buller anachenjeza za kuopsa kwake. Akalulu sanathe. Ermine analowa m'nkhalango nayamba kudya mazira ndi ana a mbalame zosauluka monga kiwi ndi kakapo, zimene zinalibe njira yodzitetezera kwa mdani wotere. Richard Henry anasamutsira mbalame zambiri pa chilumba cha Resolution kuti zipulumuke, koma pofika 1900 ermine anali atasambira ndi kufika pa chilumbacho. Lamulo loteteza ermine linachotsedwa kotheratu mu 1936, ndipo mu 2016 boma la New Zealand linalengeza ndondomeko ya Predator Free 2050, yofuna kuthetsa ermine, makoswe ndi nyama zina zobwera pofika chaka cha 2050.

Nkhaniyi ikuphunzitsa kuti nyama yodya zinzake imakhala yothandiza m'dziko limene inakulira pamodzi ndi zamoyo zina kwa zaka zochuluka. Ikapititsidwa kwina imasanduka mliri. Alimi a ku Matabeleland safunika kuitanitsa mlenje wa kunja, pakuti ali nawo kale alenje a m'dziko momwemo.

5. KANYIMBI WAMKULU

Uyu ndi amene alimi a ku Bulawayo amakumana naye kawirikawiri, chifukwa amapirira m'madera ouma, a tchire ndi a miyala. Wamphongo amalemera pafupifupi kilogalamu imodzi, ndipo wamkazi amachepera pamenepo. Ubweya wake ndi wautali ndi wakuda, wokhala ndi mizere inayi yoyera kuchokera kumutu kufikira kumchira. Kumaso kuli mawanga atatu oyera: limodzi pamphumi ndi limodzi pa tsaya lililonse. Mchira ndi wa ubweya wambiri, wosakaniza woyera ndi wakuda.

Masana amagona m'mauna, m'mapanga a miyala, m'mphako kapena pansi pa nyumba zosagwiritsidwa ntchito. Usiku amayenda yekha, mphuno ili pansi, nafukula nthaka ndi zikhadabo zazitali za miyendo yakutsogolo. Akatswiri amene anapima za m'mimba mwa akanyimbi anapeza kuti chakudya chawo chachikulu ndi tizilombo monga zikumbu, mphutsi za m'nthaka, ziwala ndi nkhululu, ndipo chotsatira ndi mbewa. Amadyanso abuluzi, achule, zinkhanira, njoka zazing'ono, mbalame ndi mazira.

Akaopsezedwa amaimika ubweya, kukweza mchira, kutembenuzira kumbuyo kwa mdani ndi kumuthira madzi onunkha amene amawawa m'maso. Zikavuta amanamizira kufa. Mizere yake yoyera ndi chenjezo kwa nyama zolusa kuti zisamuyandikire. Koma chenjezoli siligwira ntchito kwa galimoto, ndipo akanyimbi ambiri amafera pa misewu usiku.

Wamkazi amakhala ndi bere masiku 36 ndipo kawirikawiri amabereka mwana mmodzi kufikira atatu, kamodzi pa chaka, nyengo yotentha ndi ya mvula. Ana amayamba kupha mbewa okha akakwanitsa pafupifupi masabata 9.

6. KANYIMBI WAMNG'ONO

Kanyama aka ndi kamene kamafanana kwambiri ndi ermine pa kapangidwe ndi pa kasakidwe. Wamphongo amalemera pafupifupi magalamu 340 ndipo wamkazi pafupifupi magalamu 250. Thupi ndi lotalika masentimita 30 kapena kuchepera pang'ono, koma miyendo ndi yaifupi kwambiri, kotero akamayenda mu udzu amaoneka ngati njoka. Amasiyana ndi wamkulu uja motere: ubweya wake ndi waufupi, pamutu pali chipewa choyera m'malo mwa mawanga atatu, mizere ya kumsana imaoneka yachikasu pang'ono, ndipo mchira wonse ndi woyera.

Zambiri za moyo wake zinadziwika chifukwa cha kafukufuku wa David Rowe-Rowe ku Natal, m'dziko la South Africa, m'zaka za m'ma 1970. Kafukufukuyu anasonyeza kuti kanyimbi wamng'ono amadalira pafupifupi mbewa zokhazokha, pamodzi ndi mfuko ndi timbalame. Amalondola mbewa ndi fungo, kuitsatira mpaka mu una wake, kuiluma pankhongo, ndi kugubuduzika nayo akuipondaponda kumsana ndi miyendo yakumbuyo. Amatha kupha khoswe wolemera ngati iye mwini. Zimene wapha amazikokera ku una wake.

Bere lake ndi la mwezi umodzi ndi masiku ochepa. Ana amakhala mmodzi kufikira atatu, ndipo aliyense amabadwa wolemera magalamu 4 okha. Amaphenya atatha masabata 7, amaleka kuyamwa pa masabata 11, ndipo amayamba kupha mbewa pa masabata 13.

Kanyimbi wamng'ono amakonda madera a udzu wambiri amene amalandira mvula yoposa mamilimita 600 pa chaka. Bulawayo ali m'malire mwenimweni mwa mvula yotere. Chifukwa cha ichi, malo oyenera kanyamaka m'chigawochi ndi ochepa: madambo ndi magombe a mitsinje amene udzu wake sunathe ndi moto kapena ziweto. Ku South Africa chikopa chake chimafunidwa ndi asing'anga, ndipo mu 2016 akatswiri a kumeneko anamuika m'gulu la nyama zoyandikira pangozi.

7. MBEWA NDI ADANI AKE

Mbewa yowononga kwambiri m'minda ya chigawo chino ndi kapuku, wa mtundu wa Mastomys. Wamkazi ali ndi mawere ofika 24, amakhala ndi bere masiku 23 okha, ndipo amabereka ana 10 kapena kuposa nthawi imodzi. Anawo nawonso amayamba kubereka patangopita miyezi yochepa. Mvula yabwino ikagwa pambuyo pa chilala, udzu ndi mbewu zimabala kwambiri ndipo akapuku amachuluka modzidzimutsa. Izi zinachitika m'Zimbabwe pambuyo pa chilala cha 1991 ndi 1992. Mu 1994 mbewa zinawononga mbewu m'madera ambiri, ndipo chaka chomwecho matenda a mliri ofalitsidwa ndi utitiri wa mbewa ndi makoswe anabuka m'maboma a Nkayi ndi Lupane, kumpoto kwa Bulawayo.

Alimi ayenera kumvetsa malire a thandizo la akanyimbi. Nyama zodya zinzake zimakhala zochepa pa malo, ndipo zimaswana pang'onopang'ono. Mbewa zikasefukira, akanyimbi paokha sangaziletse. Phindu lawo lalikulu limaoneka m'chilimwe ndi poyamba pa dzinja, pamene mbewa zili zochepa, pakuti kapuku wamkazi aliyense amene wagwidwa nthawi imeneyi ndi mtundu wonse umene sudzabadwa. Ntchitoyi amagawana ndi akadzidzi, akabawi, njoka, mwiri ndi likongwe. Kukhalapo kwa adaniwa kumachititsanso mbewa mantha, kotero zimachepetsa nthawi yodya poyera.

8. KUOPSA KWA MANKHWALA OPHERA MAKOSWE

Mankhwala ambiri ophera makoswe, monga warfarin ndi brodifacoum, amaletsa magazi kuundana. Khoswe akadya safa nthawi yomweyo. Amayenda wofooka kwa masiku angapo, ndipo nthawi imeneyi amagwidwa mosavuta ndi kanyimbi, kadzidzi, mphaka kapena galu. Brodifacoum amakhala m'chiwindi kwa nthawi yaitali, kotero nyama imene yadya makoswe angapo otere nayonso imafa.

Zotsatira zake zimagwera mlimi. Akapuku amabwerera pa chiwerengero chawo chakale m'miyezi yochepa, pamene akanyimbi, obereka ana atatu kapena kucheperapo pa chaka, amatenga zaka kuti abwerere. Munda umene wathiridwa mankhwala mosasamala umatsala ndi mbewa zopanda mdani.

Mankhwala a aldicarb, odziwika ndi dzina loti Temik kapena tameki, amene ena amagulitsa mobisa m'misika, sanapangidwire makoswe. Amapha agalu, nkhuku, nyama za m'tchire ndiponso anthu. Alimi sayenera kuwagwiritsa ntchito. M'madera amene anthu amadya mbewa, kuthira mankhwala alionse m'munda kumaika mabanja pangozi.

9. KUTETEZA NKHUKU

Ndi zoona kuti kanyimbi akapeza khola losatsekedwa bwino amagwira anapiye, kudya mazira, ndipo nthawi zina amapha nkhuku zingapo usiku umodzi. Koma mlimi ayambe wafufuza asanaweruze. Anapiye osowa masana kawirikawiri amatengedwa ndi akabawi kapena likongwe. Mazira osowa popanda zikamba kutsala amamezedwa ndi njoka kapena kutengedwa ndi agalu. Makoswe nawo amapha anapiye usiku. Nkhuku zambiri zikafa motsatizana popanda mabala, mlimi aganizire za chitopa ndipo auze alangizi a ziweto msanga.

Kupha kanyimbi mmodzi sikutseka chibowo chimene analowera. Njira zodalirika ndi izi:

(a) Nkhuku zonse zitsekeredwe m'khola dzuwa lisanalowe ndipo zitsegulidwe kutacha.

(b) Khola likhale la m'mwamba, lotalika mita imodzi kuchokera pansi, ndipo makwerero achotsedwe usiku.

(c) Mazenera ndi mipata zitsekedwe ndi waya wa maso aang'ono, osapitirira mamilimita 13. Kanyimbi wamng'ono amalowa paliponse pamene mutu wake wakwana.

(d) Khola la pansi likhale ndi maziko a njerwa kapena simenti, kapena waya wokwiriridwa m'nthaka kuzungulira khola lonse, popeza akanyimbi amakumba.

(e) Mazira atoledwe tsiku ndi tsiku, ndipo chakudya cha nkhuku chisatsale pansi usiku, chifukwa chimaitana makoswe, ndipo makoswe amaitana adani awo.

Malangizowa akukhudzanso oweta nkhuku kuseri kwa nyumba m'malokesheni monga Pumula, Luveve, Nkulumane ndi Cowdray Park, makamaka amene nyumba zawo zili pafupi ndi tchire.

10. ZOYENERA KUCHITA M'MUNDA NDI PA NKHOKWE

(a) Kupewa moto wolusa. Kutentha tchire posaka mbewa kumapha ana a akanyimbi ndi kuchotsa pobisala pawo. Malamulo a zachilengedwe a m'Zimbabwe amafuna kuti eni malo alambule mizere yotchinga moto yotambalala mamita 9.

(b) Kusunga udzu wa m'madambo ndi m'mbali mwa mitsinje monga Umguza ndi Khami, ndi kupewa kudyetsa ziweto mopyola muyeso.

(c) Kusiya zulu, milu ya miyala ndi mitengo ya mphako m'malire a minda. Amenewa ndi malo ogona akanyimbi ndi akadzidzi.

(d) Kupalira m'munda pa nthawi yake ndi kukolola mbewu zikangouma, kuti mbewa zisowe chakudya ndi pobisala pakati pa mbewu.

(e) Kumanga nkhokwe yokwezeka ndi kuveka mizati yake malata osalala oletsa makoswe kukwera, kapena kusunga zokolola m'nkhokwe za malata zotsekeka bwino. Pozungulira nkhokwe pakhale posesa.

(f) Kutchera misampha yambiri masabata angapo mbewu zisanabzalidwe. Alimi oyandikana minda atchere nthawi imodzi, pakuti mutu umodzi susenza denga, ndipo munda wa munthu mmodzi umadzazanso ndi mbewa za kwa mnansi.

(g) Ngati mankhwala afunikadi, agulidwe ovomerezeka, aikidwe m'timabokosi totsekeka motsata malangizo a alangizi a zaulimi, ndipo makoswe akufa atoledwe m'mawa uliwonse ndi kukwiriridwa mozama.

(h) Agalu amangiriridwe usiku, chifukwa agalu oyendayenda amapha akanyimbi ambiri.

11. CHENJEZO LA CHIWEWE

Nyama iliyonse yoyamwitsa ingathe kudwala chiwewe. M'Zimbabwe matendawa amafala makamaka kudzera mwa agalu ndi nkhandwe, ndipo apezekaponso mwa likongwe ndi chiuli. Kanyimbi woyenda masana, wosaopa anthu, wodzandira kapena wotuluka dovu asagwidwe ndi manja. Munthu wolumidwa atsuke bala ndi sopo ndi madzi ambiri kwa mphindi 15, kenaka apite kuchipatala tsiku lomwelo. Ana aphunzitsidwe kusatola nyama za m'tchire, ndipo agalu abayitsidwe katemera.

12. MALO OPHUNZIRIRA KU BULAWAYO

Nyumba ya Natural History Museum of Zimbabwe, imene ili mu Centenary Park ndipo inatsegulidwa pamalowa mu 1964, imasunga zikopa ndi zigaza za nyama zochuluka kuposa nyumba zambiri zotere mu Africa. Zosungidwa za mtundu umenewu ndi zimene zinathandiza Reay Smithers ndi Vivian Wilson kulemba mndandanda wa nyama zoyamwitsa za dzikoli mu 1979. Wilson yemweyo anakhazikitsa malo osamalira nyama zamasiye a Chipangali mu 1973, kunja kwa mzinda pa msewu wa ku Esigodini, ndipo dzinali analitenga ku Chipangali, m'chigawo cha kum'mawa kwa Zambia, kumene anagwirako ntchito kale. Kumwera kwa mzinda kuli siteshoni ya kafukufuku wa zaulimi ya Matopos, kumene bungwe la ICRISAT linayamba ntchito yokonza mbewu za mapira ndi mchewere za maiko a SADC m'zaka za m'ma 1980. Makalabu a alimi ndi ana asukulu angapindule poyendera malowa kuti azindikire nyamazi ndi maso awo.

13. MAU OTSIRIZA

Ermine wa kumaiko ozizira ndi akanyimbi a kuno ndi a banja limodzi, ndipo onse amakhala ndi moyo posaka mbewa ndi tinyama tina tating'ono. Kanyimbi wamkulu amaonjezapo tizilombo ta m'nthaka towononga mbewu. Vuto la nkhuku limatha ndi khola lolimba lotsekedwa madzulo alionse. Vuto la mbewa limachepa pamene alimi aphatikiza ukhondo wa m'munda, nkhokwe zabwino, misampha yotchera pamodzi ndi kusamala adani achilengedwe. Mlimi amene waona kanyimbi m'malire a munda wake amusiye apitirize ulendo. Ofuna kudziwa zambiri afunse alangizi a zaulimi ndi a ziweto a m'dera lawo.